Apongozi 3, Ine 0

Lolemba, 25 Okotobala 2004

Ndilembe bwinobwino, chifukwa tsiku lina anthu adzafunsa kuti zinayamba bwanji.

Mwana wathu wamwamuna wakwanitsa mwezi alibe dzina. M'fulati muno timangomuti bebi. Lolemba likudzali tikukamulembetsa ku ofesi ya khansolo, ndipo azungu salemba bebi. Ine ndikufuna Brandon, dzina loti likaoneka pa kalata yofunsira ntchito abwana amayamba akoka mpando. Apongozi anga, bambo ake a Rozi, amene abwera kuchokera ku Zimbabwe kudzaona mdzukulu, akufuna dzina la malemu bambo awo. Supuni. Ee, supuni yomweyi yotakasira tiyi. Mwana wobadwira ku London!

Kukangana ndi apongozi sikutheka, ngakhale m'maso sindiwayang'ana. Ndiye iwo eni sabata yatha anati: "Akamwini, tisadzutse mwana ndi mikangano. Bawo itiweruze. Woyamba kupambana kanayi, dzina ndi lake." Thabwa la bawo anabwera nalo mu sutikesi m'malo mwa zovala zamphepo. N'chifukwa chake juzi yanga yabwino ili pathupi pawo.

Tasewera kale magemu atatu, onse ndinaluza dala, izi zidziwike:

– yoyamba, ulemu. Mkamwini sadya apongozi tsiku loyamba.
– yachiwiri, anali ndi chimfine, ndinawamvera chisoni.
– yachitatu, anali atangondipempherera nthawi yaitali, mpaka kutchula mawondo anga. Ungamudye bwanji munthu wotero?

Basi, 3–0. Kungoluza imodzi, mwana ndi Supuni.

Koma lero Mulungu walankhula kudzera mwa Tembo, m'kantini ya chipatala ku Edmonton. Tembo ndi wa ku Lusaka, timakankha limodzi mabedi a odwala. Wandikokera pa tivi: "Ona boi! Aba ba ku America benze 3–0 monga iwe. Manje bawina zonse zinayi. Sivinachitikepo!" Ndi mpira wawo uja womenya ndi chibonga, malamulo ake sindiwadziwa ngakhale limodzi. Koma anthu akulira, kukumbatirana, nkhalamba kuvina m'misewu. Ine misozi lengelenge, tiyi mpaka wazizira.

Ngati atha iwo, ine ndilephera bwanji? Pulani:

1. Ulemu upite kutchuthi mpaka Loweruka.
2. Osameta ndevu. Tembo akuti anyamata ajawo sankameta.
3. Kuyeserera pa buleki iliyonse, Tembo akhale kochi.
4. Osaganiza za zinayi. Imodzi basi, kenako ina.
5. Rozi asadziwe.

Lachiwiri, 26

Rozi wadziwa.

Wangoona ndikukoka mpando. Masiku onse apongozi amakhala pa sofa, ine pansi pa kapeti. Lero ndati tikhale mofanana. Rozi: "Inu, mwadwala? Pampando, bambo ali pomwepo?" Ndakhalabe. Koma matako akana, angokhudza kansonga kokha, bondo limodzi likulowera pansi lokha. Ndasewera gemu yonse theka ndili pampando theka ndagwada. Msana!

Zoyeserera za masana nazo. Tembo wabwera ndi mathireyi a mazira ochokera kukhitchini, ndi timapaketi ta shuga m'malo mwa nthanga. Apa m'pamene waulula kuti bawo saidziwa. Anangoonapo agogo ake akusewera nsolo ali mwana. Malangizo ake onse: "Ataki chabe, boi." Asupavaiza atipeza tikugawa shuga m'maenje, afunsa ngati zonse zili bwino kunyumba.

Koma tamvani. NDAWINA! 3–1!

Apongozi aponya nthanga m'dzenje lolakwika, kenako: "Aa, maso awa." Ine osachedwa, kudya mzere wonse. Vuto n'lakuti ndikadya pakamwa pakutuluka "pepani bambo" pokha. Ndayesa kuluma mlomo, zatuluka m'mphuno. Ulemu wakana tchuthi, koma chigoli ndi chigoli.

Ndevu: sizikuoneka.

Lachitatu, 27

Gemu kulibe. Adya zida.

Nthanga zenizeni za bawo anawalanda apongozi pa eyapoti, ndiye timasewera ndi nyemba zouma. Zimakhala m'kambale pawindo. Lero Mayi Zulu a kutchalitchi abwera kudzathandiza Rozi ntchito za m'nyumba. Aona nyemba zosankha kale, zoyera bwino, zonyezimira. Athokoza Mulungu, aika pamoto.

Ndabwera kuntchito mtima uli m'mwamba, ndadya, ndapempha zina. Kenako ndayang'ana pawindo. Mayi Zulu: "Koma zinali zofewa msanga, mumagula kuti?" Zifewe bwanji osafewa, sabata yonse zili m'manja mwa anthu!

Ndaimbira Tembo. Akuti choopsa n'kutaya momentamu, timu ikayamba kuwina isapume. Ndathamanga Ilford yense kusaka mabulo. M'mashopu otchipa a paundi imodzi mwadzaza za Halowini zokhazokha, chikondwerero cha azungu choopsezana: maungu apulasitiki, zigaza, akangaude. Ndagula maswiti ozungulira ooneka ngati maso a munthu, mapaketi atatu. Ndi okhawo okwana m'maenje.

Apongozi awayang'ana nthawi yaitali. Dzulo anaona mafupa a munthu atapachikidwa pakhomo la aneba, lero maso m'thumba la mkamwini. Afunsa Rozi chapansipansi: "Kodi kuno afiti amachita kutsatsa malonda?" Akana kuwakhudza mpaka awapempherere. Pemphero latha, ati atopa, tisewera mawa.

Ndikuona ine. Akuopa.

Lachinayi, 28

Ndevu zamera, koma mosagwirizana. Kagulu pachibwano, kagulu kena pafupi ndi khutu, pakati chipululu. Kuyabwa!

– Asisitala a ku wodi: ngati ndili ndi nthenda yapakhungu ndisayandikire odwala.
– Apongozi: "Kwagwa maliro kwanu, akamwini? Bwanji osatiuza?"
– Rozi: Wangoika lezala pa pilo panga.

Tembo wauza chipatala chonse. Namwino wina wa ku Ghana wandiimitsa mu lifiti, odwala ali pabedi, akuti: "Kamwana ka Spoon kali bwanji?" Ndamuuza kuti adikire Loweruka. Wodwalayo, gogo wachizungu, wati dzinalo ndi lokoma. Anali atangobayidwa mankhwala ogonetsa.

Buleki yoyeserera yapita ndi kufotokozera anthu kuti bawo n'chiyani. Kochi wadya maswiti anayi a m'zida.

Koma madzulo: 3–2!!

Pakati pa gemu bebi walira, apongozi anyamuka kukamunyamula. Pobwera ati aiwala kuti kusewera kunali kwa ndani. "Sewerani inu." Ndasewera. Ayang'ana kudenga, ayasamula. "Sewerani inu." Kawiri motsatizana! Ndinafuna kunena, koma mfundo yoyamba ya pulani yandigwira pakamwa. Ndi mmene presha imachitira, Tembo akuti ngakhale akatswiri amasokonezeka. Munthu wamkulu uja thukuta kamukamu, hita ili yozima.

Ndawamvera chisoni pang'ono. Pang'ono pokha.

Lachisanu, 29

Ndameta. Tsaya la bebi latuluka tizilonda pomwe ndimamupsompsona, ndipo Rozi wati ndisankhe, ndevu kapena chipinda. Anyamata a ku America aja mwina analibe makanda.

Tembo amusinthira shifiti ina. Akuti chifukwa cha shuga uja. Uphungu wake womaliza, pa foni: "Usaope mudala. Ataki."

Tiwerenge zotsala pa pulani. Ulemu ulipobe, lero ndasewera nditagwada mawondo onse awiri, mpando ndaubweza kukhitchini. Ndevu zapita. Kochi wapita. Rozi anadziwa kalekale. Yatsala mfundo yachinayi yokha.

Ndipo 3–3! Mayo ine! ATATU KWA ATATU!

Sindikudziwa n'komwe kuti ndawina bwanji. Penapake ndasokoneza kuwerenga, ndaponya awiri m'dzenje limodzi. Apongozi atseka maso ngati dzino lawawawa, apumira m'mwamba, kenako asewera pomwe ine ndimafuna. Luso likafika pena, munthu umawina ngakhale ukulakwitsa.

Ndalowa m'bafa, ndatsegula mpope, ndakuwa m'thaulo kuti asamve.

Papsa tonola. Pobwera kuntchito ndinali nditadutsa kale pa msika, kwa mayi wosoka mayina pa zovala za ana. Kabibu koyera, kansalu komanga mwana pakhosi kaja, zilembo zabuluu: BRANDON. Ndamuonetsa Rozi. Wakatembenuza uku ndi uku, kenako: "Mukudziwa kuti ku famu kwathu ku Zimbabwe anthu ankabwera panjinga kuchokera kutali kudzaonerera bambo akusewera?" Ndiye ukuona, ndatero ine, munthu amene ndikumugonjetsayu si wamba! Rozi: "Mbuzi ikakondwa amalonda ali pafupi." Nsanje. Magazi ndi magazi, ali mbali ya bambo ake.

Mawa masana, gemu yachisanu ndi chiwiri. Ndaitana Tembo abwere ndi kamera, ndaitananso a Chirwa, mkulu wa mpingo, ndi Mayi Zulu. Mbiri imafuna mboni.

Loweruka, 30

Anthu afika. Pabalaza padzaza, Tembo wakhala pa mkono wa sofa. Rozi waika ketulo pamoto.

Apongozi avula juzi yanga, aipinda bwinobwino, aiika pambali. Apinda manja a shati. Apisa m'thumba, atulutsa magalasi. Magalasi! Chibwerereni sindinawaonepo ndi magalasi.

Zotsatirazo sindingazifotokoze mwadongosolo. Dzanja lawo likuzungulira thabwa ngati makina osokera. Kutola, kugawa, kudya, kutola, kugawa, kudya. Sakuwerenga n'komwe, akucheza ndi a Chirwa za mitengo ya feteleza. Ine ndasewera katatu, kapena kawiri. Kuyang'ana mbali yanga, maenje ali mbee.

Ketulo inali isanawire.

Tembo kamera ili m'manja, chotsekera chake osachotsa. Wangoti: "Eh. Mudala ni mudala." A Chirwa ayambitsa nyimbo yothokoza. Mayi Zulu kuimba nthungululu mpaka aneba agogoda khoma. Ndawomba nawo m'manja, nanga n'kutani.

Alendo atapita ndagwada pafupi ndi sofa, mtima ukuwawa, ndati ndipulumutseko kena kake. Ndawauza kuti magemu atatu oyamba aja ndinkaluza dala, chifukwa cha ulemu.

Avula magalasi. "Dala? Ayi ndithu, sindinaone kusiyana, akamwini."

Kenako, akupukuta magalasiwo ndi juzi yanga: "Atatu enawo ndi ine. Mkamwini sagonjetsedwa zinayi kwa ziro m'nyumba yomwe akulipira lendi, mkazi wake akuona. Koma munandivutitsa. Kuluza kwa inu ndi ntchito, Lachinayi ndinachita kutuluka thukuta."

Rozi m'khitchini akutsuka kapu imodzi yomweyo, mapewa akugwedezeka. Akuti ndi chifuwa.

4–3. Ndapsa mtima, ndachita manyazi, ndipo sindikudziwa kuti chachikulu n'chiti.

Lamlungu, 31

Lero abweza mawotchi ola limodzi, monga amachitira kuno nyengo yozizira ikamayamba. Akanabweza tsiku lathunthu.

Mvula yowaza. Basi yopita kutchalitchi, apongozi pawindo bebi ali pamiyendo, ine mpando wakumbuyo kwawo. Ayamba okha, osatembenuka. Akuti bambo awo anachoka ku Dedza wapansi ali mnyamata, kukafuna ntchito m'mafamu. Mzungu anawaika kukhitchini n'kuwatcha Supuni, dzina lakwawo linatsala panjira, palibe amene akulikumbuka. Atamwalira anaikidwa pa famu pomwepo. Famuyo anthu onse anachotsedwapo, ndipo chaka chatha apongozi atapita kukaona manda anapeza chimanga. "Ndikungofuna lilembedwe penapake pomwe sadzalimapo."

Ndayang'ana panja, mashopu a nkhuku akudutsa. Chondinyansa n'chakuti tsopano ngakhale kukwiya sindingathe. Akananena zimenezi Lolemba, bwenzi ndevu ndisanazivutikire.

Rozi wati Brandon likhoza kukhala dzina lachiwiri. Apongozi ati palibe vuto, tikhoza kuliseweranso, woyamba kupambana kanayi. Ndati ayi bambo, zikomo, mwana akwanira ndi limodzi. Kabibu kaja tikupukutira mkaka, zilembo zili mkati.

Abusa alengeza dzina kutsogolo. Akuluakulu agwedeza mitu, ena ankawadziwa a Supuni akale. Ana a Sande sukulu agwa pansi ndi kuseka. Mwiniwake ali m'tulo, alibe nazo ntchito.

Tikutuluka, ndafika kale pa geti, ndamva Mayi Zulu akukuwa kuchokera pakhomo la tchalitchi, msewu wonse ukumva:

"Bambo a Supuni! Bambo a Supuni! Mwaiwala ambulera!"

Ambuye. Sabata yonse ndimamenyera nkhondo mwana, za ine osaziganizira. Iye akadzakula akhoza kukasintha ku ofesi. Ine ndi mpaka kumanda.

Ndatembenuka. Ambulera inalidi yanga.