Bakha Waiwala Bambo a Misozi

Lolemba

Ndili ku Silverest kwa mwana wanga Misozi. Ndabwera ndi kamakina ka masewera kolumikiza ku TV, kamene malemu bambo ake anapatsidwa ndi abwana awo. Kanali ka mwana, koma wosewera anali bambo. Sukulu sanapondeko, zilembo anawaphunzitsa ndi bakha wa m'masewerawo. Mpaka lero ukalowetsa kaseti, bakha amaonetsa dzina lawo monga analilembera okha, ZAKEYU, ndi nyenyezi zimene anawina. Tsopano kamakina kayamba kuzimazima. Apongozi, amuna a Misozi, akuti asamutsira zonse mu laputopu. Mtima suli m'malo.

Lachiwiri

Apongozi sindingakhale nawo pafupi, ndiye ndili pakhonde, iwo ali m'nyumba, Misozi ndiye mthenga. Mafunso anga:
Bakha akakhala kuwiri, weniweni ndi uti?
Laputopu imapita ku ofesi. Kodi malemu azipita nawo?
Nanga ikabedwa m'basi?
Misozi wabwerera ndi yankho limodzi lokha: "Akuti laputopu izinamizira kuti ni kamakina, amama." Ndiye kuti ntchito yonseyi tikuyamba ndi bodza.

Lachitatu

Bakha watuluka pa laputopu! Ndamuonera pawindo. Ndi yemweyo, ngakhale kayendedwe. Koma dzina palibe. Misozi akuti masewera asamuka, koma dzina ndi nyenyezi zatsala mu kaseti, ndipo chozigwira ndi kabatire konga batani la malaya. Chida chokopera dzinalo chifika Loweruka kuchokera m'tauni. Apongozi atsegula kaseti, ndawamva akuti, "Batire iyi yatsala pang'ono kufa." Kasetiyo aisiya chotsegula pa tebulo.

Lachinayi

Onse apita kuntchito. Batire ikufa, anthu akudikira Loweruka? Mankhwala ake ndikuwadziwa, a wailesi timatero chikhalire. Ndaitokosa ndi kampeni, yalimba, koma yatuluka. Ndaiyanika pa mbale padzuwa. Tsiku lonse ndakhala pambali pake ndi kamtengo, kuopa nkhuku za oyandikana nawo. Madzulo ndaibwezera ili yofunda bwino. Koyamba sabata ino ndapuma.

Lachisanu

Ndauza Misozi kuti asadere nkhawa, batire ndaiwotcha kale. Wakhala pansi, pasimenti. Kuchipinda apongozi akungobwereza, "Anaichotsa? Misozi, funsa bwino, anaichotsa?" Akuti ikangochoka, kaseti imaiwala zonse. Sindikumvetsa. Wailesi ndimaichotsa mabatire, sinaiwalepo nyimbo. Misozi akuti kabatireko kanali ngati munthu wogwira chingwe cha mbuzi. Ndiye amene wamasula ndine? Palibe akufuna kuyatsa.

Loweruka

Chida chafika. Chakopera bwinobwino, koma chokopera panalibe. Tayatsa kamakina. Bakha wangotiyang'ana ngati alendo, akufunsa dzina. Ndatuluka kukakhala pakhonde. Kenaka apongozi abwera okha, osatuma Misozi, agwada chapatali. "Pepani amayi, ninafunika kukuuzani nekha kuti musaigwire." Chikwatirire mwana wanga sanandilankhulepo chotere. Ine ndayang'ana kumbali, iwo ayang'ana pansi. Wopepesa mnzake ndani sitikudziwa. Misozi akulira, akuseka, zonse pamodzi.

Lamulungu

Tabwerako kutchalitchi. Apongozi asiya laputopu pakhonde, alowa m'nyumba msanga. Akuti m'menemu mulibe batire yoti ndiyanike. Bakha akufunsabe dzina. Ndalemba ndi chala chimodzi. Misozi akuti kumapeto kuyenera kukhala O, ine ndaika U, monga mwini wake.

Nyenyezi zinali zodzaza galasi lonse, tsopano zonse zili pa ine. Masewera ake ndi ovuta, bambo uja sanandiuzepo. Chilembo chikugwa, ine ndikufunafuna batani, bakha akupukusa mutu. Chichokere kutchalitchi ndawawinira imodzi.

Bakha akuti a Zakeyu ayesenso.