A Mlembi Ankakana Kupha Azakhali

Aliyense wa ku situdiyo ankadziwa kuti a Mlembi sapha munthu. Zaka khumi ndi zisanu akulemba sewero la pa TV, maliro ngakhale amodzi ayi. Wakuba akamuwombera, chipolopolo chinkangomupala khutu. Basi ikagwera mumtsinje, onse ankatuluka akudandaula za nsapato zonyowa.

Amene anapulumukira khalidweli ndi mayi wina amene ankasewera ngati azakhali a m'seweromo, mpaka dzinalo linawakanirira. Mawondo anali atayamba kuwavuta, mawu ankaiwala, ntchito ina analibe, ndipo kunyumba kunali adzukulu atatu owayang'ana iwo.

Tsiku lina ali pakhonde anamva a Dayilekita akulowa m'kachipinda ka a Mlembi.

"Madala, Azakhali afe Lachisanu. Owonera akufuna kulira."

"Afe ndi chiyani?"

"Chilichonse. Mtima."

"Mtima umenewo ndinaulemba ndine, bwana. Ulibe vuto."

"Ndati afe."

Azakhali anayamba kuwerenga masiku. Koma Lachisanu atalandira mapepala, anapeza kuti a Mlembi angowagoneka m'chipatala. Kuyenda kunatha, mawondo anapuma. Mawu awo, amene tsopano anali ochepa, a Mlembi ankawalemba ndi zilembo zikuluzikulu n'kuwamata kuseri kwa botolo la diripi.

Anagona choncho zaka zitatu. Mwezi uliwonse dokotala wa m'seweromo ankapukusa mutu kuti safika mawa, abale n'kuyamba kugawana mipando, Azakhali n'kutsegula diso limodzi kufunsa amene watenga ambulera yawo. Owonera anatumiza mabulangete okwana chipatala chenicheni.

"Kodi matendawa ndi matenda anji?" a Dayilekita ankafunsa.

"Ndikufufuzabe dzina lake."

Masana ena Azakhali anawapeza a Mlembi akusongola pensulo.

"Achimwene, adzakuchotsani ntchito chifukwa cha ine. Ingondiphani, ndaona zambiri."

"Mdzukulu wamng'ono uja watsala zaka zingati kusukulu?"

"Ziwiri."

"Ndiye bwererani pabedi, achemwali. Mukuchedwetsa anthu."

A Mlembi eniakewo anangodwala masiku anayi. Kumaliro Azakhali analira pawiri, kulira mnzawo ndi kulira ntchito, ndipo anachita nazo manyazi.

Lolemba kunabwera olemba atsopano awiri, atakonza kale tsamba la imfa ya Azakhali. A Dayilekita analiwerenga ataimirira, kenako analipinda n'kuliika m'thumba.

"Iphani wina aliyense," anatero. "Awa asiyeni, akudwala."

Masiku ano sewerolo limayenda mwachangu. Anthu amafa sabata iliyonse, bwinobwino, pa nthawi yake. M'kachipinda muja anaikamo mawaya ndi magetsi akutha. Azakhali akadagonabe pabedi lawo, mdzukulu akulemba mayeso chaka chino. Koma kamera ikazima amakhalabe chitsinzinire pang'ono, chifukwa nthawi imeneyo a Mlembi ankabwera kudzawakoka chala chakuphazi. Kenako amadzuka okha, n'kupinda bulangete.