Tambala wa a Jafali

Mpaka lero tambala akalira, ine ndimacheuka kuona amene akundiyang'ana. Zinandionekera ndili mphunzitsi wachilendo ku Maganga, matipate atangoyamba, nthawi imene ukayetsemula anthu ankafunsana kuti wayetsemulira chipani chiti.

Gulu lathu la zisudzo linakonza sewero la chinkhoswe chothera m'ndewu. Ine ndinali nkhoswe ya kuchimuna, yopereka tambala. A Jafali, msodzi wa kunyanja, anali ya kuchikazi, ndipo tambalayo anabwera naye ndi iwo omwe, wamoyo, wakuda bii. (Ana a lero simungamve: tambala wakuda chinali chizindikiro cha chipani chimene chinali chitangochoka m'boma.)

Nditakwera pa siteji ndinaona bambo wina pa benchi yakutsogolo, wa jekete ndi magalasi akuda. Onse akuseka, iye ayi. Kuyang'ana tambala, kuyang'ana ine, n'kulemba m'kabuku. Mtima unati, "Kazitape uyu. Ntchito yanga yatha."

Ndinabisa tambala m'malaya.

"Ankhoswe anzanga, tipatseni tambala wathu," anatero a Jafali, monga mwa sewero.

"Ife ndale ayi," ndinayankha. (Mawu amenewa m'sewero munalibe.)

"Aphunzitsi, mwatani?" ananong'ona.

Anayankha ndi tambala: kokoliriko! m'khwapa mwanga, n'kundisiyira chitosi chofunda pamimba. Ndinakuwa, iye phururu, kukatera pamutu pa mkwatibwi. Mkwatibwi pothawa anagwetsa ndowa ya thobwa, mkwati anaterereka n'kumenya a Jafali chigongono pamphuno, basi ndewu yomwe tinkangoyeserera inasanduka yeniyeni. Anthu anakwera pa mabenchi, m'manja ndi mluzu.

Bambo uja ananyamuka n'kulunjika kwa ine. Ndinayamba kulumbira asanandifunse: "Bwana, ine khadi la chipani chilichonse ndilibe!"

"Za makhadi sindikuzidziwa," anatero, akunyamula tambala uja ngati mwana. "Uyu ndi wanga. Anasowa Lachiwiri kwathu ku Chinguluwe. Mayina anu anawalengeza poyamba paja, ndalemba onse. Loyamba ndi lanu, amene mumamubisa."

Ndinacheuka kuti a Jafali afotokoze. Njinga yawo inali itakhota kale kuseri kwa minda ya chinangwa.

Anandilanditsa ndi ahedi, koma nditapepesa chogwada ana anga a sitandade sikisi akuonerera. Ndinataya nthawi kukayikira mlendo wa magalasi, osadzifunsa kuti munthu wopanda khola tambala wamutenga kuti.

Chaka chotsatira a Jafali anabweretsa mbuzi ya sewero lina. Nayonso sindinafunse kumene anaitenga.