Takisi Yanga Inaswa Anapiye

Mukamva munthu akudzitama kuti anawina mlandu ndi boma, mumufunse kaye kuti anapita ndi chiyani kunyumba. Ine ndinawina, koma mpaka lero ndikakumbukira, mtima umawawa.

Inali nthawi ya chipani chimodzi. Nditapuma ntchito ya udalaivala, ndinagula galimoto kuti ikhale takisi, ana azidya. Pempho la chiphaso ndinakasiya ku ofesi ina m'tauni, nditaonetsa ndi khadi la chipani lomwe (popanda ilo ngakhale moni sankakuyankha). Kalaliki wake, Ba Mulenga, anali ndi nyimbo imodzi: "Bwelani mailo, faelo yanu ili kumwamba." Mailo ameneyo, kutanthauza mawa, anatha zaka zinayi. Galimoto inangokhala pabwalo kwathu ku Kabwata, ine osaiyendetsa, ati ingakalambe chiphaso chisanatuluke. Nzeru zanga zimenezo!

Mlamu wanga wa ku Woodlands, yemwe ankagwira ntchito kwa loya, ndiye anati tipite kukhoti. Woweruza analamula kuti ofesiyo iyankhe pempho langa pasanathe mwezi. Tikutuluka, mlamu anandinong'oneza, "Alamu, akuti ayankhe, sanati avomere." Ndani akanamva? Ndinathamangira kwa Ba Mulenga n'kumenyetsa pepalalo patebulo pawo, mzere wonse wa anthu ukuona.

"Mailo uja wafika lero!"

Iwo anangomwetulira. "Zikomo, ba bosi. Tizabwela pa Chisanu kuona motoka, monga mwa lamulo."

Lachisanu anabweradi, ali ndi woyeza magalimoto wovala ovolosi yoyera. Nditangotsegula chitseko, nkhuku ya mkazi wanga inatuluka ndi anapiye asanu ndi awiri (mayiyo amati anandiuza kuti ikufungatira pampando wakumbuyo, ine sindikukumbuka). Ndinapotokola kiyi, zii. Makoswe anali atadya mawaya. Aneba anayamba kukankha, ine pachiwongolero thukuta lili kamukamu, mpaka tayala linaphulika pafupi ndi msika, amayi ogulitsa kapenta akuwomba m'manja. Manyazi ake, ndikanakonda nthaka ikanandimeza.

Kalata inatuluka tsiku lomwelo, ntchito yokhayo imene ofesi ija inagwirapo mwachangu. Pempho lakanidwa, galimoto siyoyenera kunyamula anthu.

"Mukakonza, mulembe pempho ina," anatero Ba Mulenga akutseka cholembera. "Koma faelo yanyowani iyambila pansi."

Ndinabwerera kwa mlamu kuti tikasumenso. Anangotambasula manja. "Khoti linati ayankhe, alamu. Ayankha."

Tsiku limene ndinapereka pempho, galimoto ija inkaliza injini bwinobwino. Anaiwoletsa ndi iwowo, kenako n'kundikana chifukwa yawola. Ameneyo ndiye mlandu umene ndinawina.

Pepala la khoti ndikadali nalo m'sutikesi, ndipo mlendo akabwera ndimamuonetsabe (matukutuku sachira). Galimoto tinaikankhira pamalo pake pomwe paja. Nkhuku inabwerera pampando wakumbuyo, ndipo pabanja pathu ndi iyo yokha imene inakwerapo takisi yanga.