Situmpu ya Anthu Awiri

A Prosper Claeys sankatha kuphika chakudya cha munthu mmodzi. Musaganize kuti kunali kudzionetsera, ayi ndithu, manja awo ndiwo ankakana. Bambowa anaphikira asilikali pakampu zaka makumi atatu ndi ziwiri, ndipo atapuma ntchito n'kubwerera kudera lathu lino la Marolles anabwera ndi zinthu ziwiri zokha: bondo lopweteka, ndi chipoto choti mwana wazaka zisanu akanatha kusambiramo. Muyezo umene ankaudziwa unali umodzi basi, wa anthu makumi asanu ndi limodzi. Pomwe kunyumba kwawo kunali iwo ndi mphaka.

Lachinayi lililonse ankaphika situmpu, mbatatesi yophwanya pamodzi ndi maliki. Mayi Leontine, amene ankasita zovala za anthu m'nyumba yoyang'anizana ndi yawo, tsiku limeneli sankafuna wotchi. Akamva madzi akukhuthuka kosalekeza ankadziwa kuti bambo aja akutsuka maliki, anyezi wamtali uja wa thunthu loyera. Ankawang'amba m'litali n'kuwatsuka katatu, amvekere, "Kamchenga kamodzi pa dzino la sajeni ndi sabata yathunthu yokolopa zimbudzi." Kenako fungo linkawoloka msewu, maliki akufewa m'batala pamoto wochepa, osaloledwa kupserera ngakhale pang'ono. Pomaliza kunkamveka du! du! du! Ndiye kuti mbatatesi yapsa, aitsanula madzi, tsopano akuiphwanya ndi chitsulo chowafika pachifuwa chimene anachita kuwotcheretsa kwa okonza njinga. Timibulu ankatisiya dala. Ankati situmpu yosalala ndi ya makanda ndi maloya.

Ikangokwana 12 koloko ankakweza chipoto chija pa kangolo koyendetsera khanda, n'kuyamba ulendo, chipande chikulira pa chivundikiro.

"Achiel! Tulutsa mbale!"

Achiel, wometa tsitsi wa pakona, ankayankhira m'kati. "Ndadya kale, achimwene."

"Wadya chiyani?"

"Buledi ndi tchizi."

"Kumeneko si kudya, n'kunamiza mimba. Mbale! Utulutsenso ya bambo uli kuwametawo."

Munthu ankadya situmpu thovu la sopo lili kumasaya, kaya akufuna kaya sakufuna.

Tsiku lina wapolisi wachilendo anawaimitsa kuti aonetse chiphaso chogulitsira chakudya mumsewu.

"Ndikugulitsa ine? Ndikutayatu izi, bwana. Ndalakwitsa muyezo. Tandithandizeni kutaya."

Wapolisiyo anataya mbale ziwiri ali chiimire. Kuyambira pamenepo msewu wathu unasanduka woopsa zedi, woti boma linkayenera kuulondera Lachinayi lililonse masana.

Ambirife tinkalandira moseka, koma panali makomo ena amene sankaseka. Mayi Yvonne anali ndi ana asanu ndi mwamuna amene fakitale yake inatsekedwa. A Isidoor, nkhalamba ya m'kachipinda ka pamwamba penipeni, masiku ena onse ankangodya buledi woviika mu khofi. Pamakomo amenewa a Prosper ankavula chipewa n'kupepesa: "Pepani mayi, ndapalamulanso. Ndipulumutseni, zingandiwonongekere." Ndipo ankadzaza beseni.

Khomo la mayi Leontine linali mapazi khumi kuchokera pa lawo, koma ankafikapo pomaliza, atazungulira msewu wonse, bondo likuchita kulira. Ankawasungira zapansi pa chipoto, zokangamira zija, zomwe batala amathawirako. Akawapakulira ankatsokomola, n'kuwongola kolala.

"Mayi Leontine, tikwatirane."

"Mwayambanso, a Prosper?"

"Sindinasiyepo."

"Ndinakuuzani kale. Tsiku limene mudzaphike situmpu ya anthu awiri okha, yokwana mbale ziwiri osatsala ndi supuni yomwe, ndidzalola. Ine sindingakwatiwe ndi gulu lankhondo."

Zinayenda choncho zaka khumi ndi chimodzi. Ine ndimati mayi uja anasankha dala lamulo losatheka kuti asayankhe. Pakuti kuwakonda ankawakonda, zimenezo ngakhale mphaka ankadziwa. Lachinayi ankavala epuloni yoyera, tsitsi ankalipesa kawiri, ndipo du! du! du! uja akachedwa ankapsereza malaya a eni ake. Koma anali atakhala okha nthawi yaitali chimwalirireni amuna awo, anazolowera mpando umodzi ndi kapu imodzi, ndipo ankaopa. Ankaopa phokoso, ankaopa kusekedwa kuti akwatiwa ndi imvi, ndipo koposa zonse ankaopa kuti akangolola, kufunsira kwa Lachinayi kuja kudzatha.

A Prosper kuyesa ankayesa, osawanamizira. Achiel anawapeza tsiku lina atagwira tsaya, akusuzumira m'chipoto.

"Ndinaponyamo mbatatesi zinayi zokha, Achiel. Zinayi! Koma zimangogubuduka pansi apo ngati ana amasiye. Ndiye ndinati ndiwonjezere imodzi yoti izicheza nazo."

"Kenako?"

"Imodziyo inali ndi abale ake."

Mayi Leontine atamva zimenezi anawabwereka kapoto kawo kakang'ono, kuti mwina vuto ndi chiwiya. Lachinayi lotsatira bambo aja anatulukira ndi kangolo monga mwa masiku onse, akupakulira anthu ndi kapoto komweko.

"Chipande chanuchi n'chabwino zedi, mayi. Changoperewera chogwirira."

Mayi aja anatseka chitseko kuti bambowo asaone kuti akufa ndi kuseka.

Ndiye linafika Lachinayi lina la mu Novembala, mwezi umene chisanu chimayamba kuno, kukuzizira koti zala kuchita kuuma. Madzi anakhuthuka pang'ono chabe n'kusiya. Du! du! du! sanamveke. Mayi Leontine anazimitsa simbi, anayatsanso, anazimitsanso. Pofika 12 koloko anthu anali ataima m'makomo, mbale zili m'manja, kumangoyang'anana. Achiel yekha ndiye ankadziwa. A Prosper anali atam'patsa thumba lonse la mbatatesi kuti alitsekere m'shopu, n'kumulumbiritsa kuti awapatse zinayi zokha ndi maliki awiri, ngakhale atagwada, ngakhale atalira. Akuti m'mawa umenewo anagwadadi.

Chitseko chinatseguka. A Prosper anatuluka atavala suti, yothina ndithu, mabatani akupempha chifundo. Kangolo kunalibe. M'manja munali kapoto kaja, atakakulunga m'kansalu. Anawoloka msewu molunjika, koyamba m'zaka zonsezo, n'kugogoda pachitseko chimene chinali chotseguka kale.

"Mayi Leontine, ya anthu awiri iyi." Mawu anawakweza ngati akuitana asilikali. "Chipoto chija chapuma ntchito! Kuyambira lero ndiziphikira inu basi. Tikwatirane."

Mayi Leontine anavundukula kapoto. Situmpu inali bwinobwino, yachikasu, timasamba tobiriwira tikuonekera, pakati atakumbapo kadzenje ka batala. Atakweza maso anaona kumbuyo kwa bambowo ana a Yvonne atagwirizira beseni lopanda kanthu, ndi a Isidoor amene anatsika masitepe onse aja ndi mbale yawo yamalata, atatsamira khoma kupezera mpweya. Kaya chinali chisoni, kaya anali mantha awo akale aja atapeza pobisala, eni akewo mpaka lero sadziwa. Pakamwa panangotuluka mawu.

"Izi ndi za anthu atatu."

"Atatu?"

"Atatu. Mwinanso ndi theka."

Anthu anaseka chikhakhali, ena mpaka kuwomba m'manja. Achiel sanaseke. A Prosper anayang'ana mayiwo, kenako anacheuka n'kuona zimene mayiwo ankaona. Anawapatsira kapoto m'manja mwaulemu, anavula jekete n'kulikoleka pachitseko chawo chomwe.

"Achiel, tsegula thumba lija. Anthu ali ndi njala."

Tsiku limenelo tinadya 4 koloko, ndipo batala anachuluka kuposa masiku onse. Pakhomo la mayi Leontine kangolo kanangodutsa.

Sabata imeneyo mayi aja anasita jekete lija katatu. Mtima unali utagamula. Mawu anawakonza, ankawayeserera pa simbi: "A Prosper, ndinanama. Bwerani ndi chipoto chanu chomwecho, ndi mphaka yemwe, tiziphikira limodzi gulu lanulo." Mapazi khumi okha, abale! Akanatha kuwoloka Lachisanu, akanatha kuwoloka Lamulungu pochokera kutchalitchi. Koma nkhani imeneyi anazolowera kuti ndi ya Lachinayi, ndiye anadikira Lachinayi. Zimandipsetsa mtima mpaka pano, koma n'kuwakalipira bwanji munthu amene amadzikalipira yekha tsiku lililonse?

Lachitatu m'mawa a Prosper anapita kumsika kukagula maliki. Akuti ankakangana ndi mayi wogulitsa ndiwo monga mwa nthawi zonse, kuti asadule masamba obiriwirawo chifukwa kukoma kuli momwemo. Atanyamula mtolo wawo anati, "Koma lero akulemera," n'kukhala pansi pa kabokosi. Sanadzukenso. Mtima unangoima, maliki ali pachifuwa.

Pamaliro tinalandira khofi ndi timabanzi ta tchizi, monga amachitira pamaliro onse kuno, aliyense tiwiri. Achiel anakatembenuza kake uku ndi uku n'kunong'ona kuti, "Bambo uja akanaona zimenezi akanadzuka." Tinaseka, kenako tinalira, ndipo tonse tinabwerera kunyumba ndi njala. A Prosper anapita atavala jekete losita bwino kuposa la wina aliyense m'tchalitchimo.

Masiku ano Lachinayi ndi tsiku ngati lina lililonse. Chipoto chili kuseri kwa shopu ya Achiel, chikungodzaza madzi a mvula, chifukwa palibe mbaula mumsewu muno yoti chingakwanepo. Banja la Yvonne linasamukira kwa achibale. A Isidoor anawatengera kunyumba yosungira okalamba, ndipo tinamva patapita mwezi wathunthu, pakuti panalibenso wokwera masitepe aja. Situmpu timaphikabe, aliyense kuseri kwa chitseko chake, yokwana iye ndi ana ake, ndipo imakoma ndithu. Kungoti 12 koloko ikakwana umapezeka waima pawindo osadziwa chimene ukudikira. Tawasowa bambo aja, tawasowa koopsa.

Mphaka anatengedwa ndi mayi Leontine. Nyengo yozizira itatha Achiel anapita kukatenga matawulo ake, n'kuwapeza mayiwo akusenda mbatatesi ziwiri. Anaima pakhomo, akupotokola chipewa, mpaka funso limene linamuvuta miyezi yonseyi linatuluka lokha.

"Mayi, pepani kufunsa. Zinalidi za anthu atatu?"

Mayi Leontine anapitiriza kusenda mpaka khoko la mbatatesi linaduka. Anayankha osamuyang'ana.

"Tsiku lomwelo nditatseka chitseko ndinatenga mbale. Ndinapakula yanga, ndinapakula yawo, n'kupala kapoto ndi chala kufunafuna poti ndiwatsutsire." Anaika mpeni patebulo. "Zinakwana mbale ziwiri ndendende, Achiel. Sipanatsale ndi supuni yomwe."