Khutu la Njiri ku Khoti

Kale, m'nkhalango ina momwe Mkango unkalamulira uli mtulo, munali Njiri woimba ng'oma. Njiriyu sankachedwa kuseka, ndipo aliyense ankamuona ngati mbale wake.

Tsiku la chikondwerero cha mtendere, ng'oma yake inamveka pamene a Fisi, Nduna ya Bata ndi Chikondi, anali pakati polankhula. A Fisi anamaliza mawu awo mwaulemu, anatsika pansanja, n'kumudula Njiri khutu lakumanzere ndi mano, n'kumeza.

Njiri anakadandaula kwa Mimbulu, apolisi a m'nkhalangomo. Koma Mimbulu isanamange n'komwe malamba, a Fisi anali atafika kale ku khoti kukapempha belo asanagwidwe. Njiri anathamangira komweko mchira uli m'mwamba, mutu atakulunga masamba a nthochi, mtima uli dyokodyoko. Lero akaona chilungamo ndi maso akeake!

Woweruza anali a Nyani, atakhala pa nthambi ya mkuyu, thonje la oweruza lili kumutu.

"Lamulo silikondera," anatero a Nyani. "Limayamba lafunsa kukula kwa bala. Iwe Njiri, ukundimva?"

"Ndikumva, bwana."

"Akumva. Bala ndi laling'ono."

Njiri anaseka mpaka masamba anagwa kumutu. Ankayesa nthabwala.

"Nanga inu a Nduna, tikakupatsani belo simuthawa?"

A Fisi anayenda motsimphina pamaso pa khoti. "Ndi timiyendo takumbuyoti, bwana woweruza, ndingafike nato kuti? Komanso ine ndine mtumiki wanu nonse. Ndingasiye bwanji abale anga okoma chonchi?"

"Mboni simukaziopseza?"

"Mboni yomwe inalimba mtima inali imodzi, Gwape. Dzulo tinakhala pansi n'kukambirana, ndipo nkhani yake inatha." Atatero anageya.

"Ndiye kuti palibe mboni yoti iopsezedwe," anatero a Nyani. "Belo ndapereka. Wapolisi aliyense asawakhudze a Nduna."

Apa kuseka kwa Njiri kunatha. Gwape ndiye ankavina patsogolo pa ng'oma yake chiyambire ubwana wawo. Njiri anayang'ana mimba ya a Fisi, anayang'ana thonje la a Nyani, kenaka anaimirira.

"Bwana woweruza, nanenso ndikupempha belo ndisanagwidwe."

"Iwe? Wavulaza yani?"

"Sindinayambe, bwana. Ndikudikira a Nduna atuluke panja. Koma bala lidzakhala laling'ono, khutu limodzi ndiwasiyira. Kuthawa sindingathawe, una wanga mukuudziwa."

Kumbuyo kunamveka kutsokomola, ndipo anaimirira mayi Njati, amene mwana wawo anasowa chaka chatha a Nduna atadzacheza kwawo.

"Inenso, bwana. Thupi lonseli ndingalibise kuti?"

"Nanenso," anatero a Chipembere akunola nyanga pamwala.

"Mboni sitiopseza," anakuwa Nungu minga ili njo. "Tonse tikhala otanganidwa, woonerera sapezeka!"

A Nyani anayang'ana pansi, anaona nyanga zokhazokha zitazungulira mkuyu wawo. Anakwera nthambi ina yapamwamba.

"Lamulo silikondera," anatero ndi mawu aang'ono. "Belo kwa nonse."

Nyama zinakhamukira panja zikululutira, n'kuima uku ndi uku m'mbali mwa njira yotulukira. Njiri, akuseka misozi ikutsika, anakaima patsogolo penipeni.

A Fisi anasuzumira panja kamodzi kokha. Anabwerera liwiro, kutsimphina kuja ataiwala, n'kukagwada pamaso pa mkulu wa Mimbulu.

"Achimwene, ndimangeni! Khutu ndinadya ndine, Gwape ndinadya ndine! Nditsekereni m'chitokosi, mukhome ndi chitseko chomwe!"

Mkulu wa Mimbulu anaima njo n'kuchita sawasha.

"Pepani, olemekezeka. Khoti latiletsa kukukhudzani. Ndinu mfulu, pitani kunyumba."