Chisankho cha ku Zilumba Zoyandama

Lolemba, 9 Juni

Sewero latha! Masamba khumi ndi awiri, cholakwika palibe. Tidzalionetsa Lamulungu pa tsiku la amayi kutchalitchi.

Nkhani yake ndinaitola pakhonde pangapa. Chiperoni chikatsika, mapiri a kwa Kanduku amangotsala nsonga, ngati zilumba zoyandama m'mwamba. Ndiye ndalemba za dziko lotero: zilumba zisanu ndi ziwiri, pansi pake mitambo, ndipo ufumu wakumeneko si wobadwa nawo, mfumu amachita kuisankha.

Zofunika:
mabenchi asanu ndi awiri (zilumba), amayi awiri pa benchi;
nsalu yoyera (Mtambo, woima kumbuyo kwa Mfumu);
chisoti cha katoni;
Mfumu: ine.

Zaka makumi anayi ndakhala ndikuwerenga za ena: ana asukulu, choko, mavoti a makomiti. Chisoti sindinavalepo. Mawu a Mfumu alipo 412 ndipo ndawaloweza kale.

Mtambo ndapatsa aNangondo, ogulitsa manachesi kumalire aja. Mtambo sulankhula. Ndaganiza bwino pamenepa.

Lachiwiri, 10 Juni

Kuyeserera koyamba. Mtambo walankhula ka 19.

Ulendo womalizawo wandipweteka. Asolola mutu m'nsalu n'kunena kuti: "Aphunzitsi, mwati kumwambako mfumu amaisankha. Nanga inuyo anakusankhani ndani?" Zilumba zonse phwete, kuseka.

Chabwino! Chisankho Lachisanu. Ndikuopa chiyani? Mwa amayi 14 aja, asanu ndi anayi ndinawaphunzitsa kugwira pensulo. Malamulo ndalemba ndekha pomwepo, onse amva:
1. Tivota mwa kale: opikisana ayang'ana kukhoma, owafuna afola kumbuyo kwawo.
2. Belu likalira, aliyense woima pamzere ndi voti. Aliyense. Palibe kudandaula.
3. Mavoti akafanana, wamkulu msinkhu wapambana.
4. Wogonja akhala Mtambo.

ANangondo ndimawaposa zaka khumi ndi chimodzi. Lamulo lachitatu silinabwere mwangozi.

Lachitatu, 11 Juni

Tchalitchi chonse chikununkha manachesi. Pansi pa zilumba ndapeza makoko a manachesi 23. Ndafunsa amene wabweretsa. ANasibeko a chilumba chachiwiri, amene ndinkawayesa anga, akuyankha kuti sakudziwa, njere ili pachibwano!

Mtambo ukuyendayenda pakati pa zilumba ndi dengu. M'sewero langa mtambo suyenda. Akulonjeza kuti iwo akalowa ufumu, zilumba zizidzavina. Zilumba zoyandama m'mwamba, kuvina! Anthu angagwe! Ndafotokoza zimenezi ndi chojambula pabolodi. Palibe wayang'ana.

Lachinayi, 12 Juni

Nanenso ndachita kampeni. Ndawawerengera mfundo zanga khumi ndi zisanu za kayendetsedwe ka zilumba. Ogona: atatu. Opita kukaona mbuzi osabwerera: mmodzi.

Chilumba chachisanu chagawanika. Ndinaikapo munthu ndi mlamu wake, osadziwa kuti sayankhulana chifukwa cha nkhuku yomwe inadya mbewu ya mtedza. Aliyense akufuna benchi lakelake. Tsopano zilumba zilipo zisanu ndi zitatu, ndipo chatsopanocho ndi mpando wa abusa.

Koma mkangano uli ndi ubwino wake: wina akafola kwa aNangondo, mnzakeyo afola kwa ine, ngakhale atadya dengu lonse. Ndawerengetsa katatu. Anga asanu ndi awiri, awo asanu ndi awiri. Lamulo lachitatu! Chisoti ndachiyesa pagalasi. Chikundikhala.

Lachisanu, 13 Juni

Ndilemba mwadongosolo.

Owerenga mavoti ndi a Mbewe, mkulu wa mpingo. Munthu wabwino, koma pa Khirisimasi anawerenga kwaya ya anthu 20 n'kupeza 26.

Taima, ine ndi aNangondo, maso kukhoma. Kumbuyo mapazi pyapyapya. Kenako ndikumva a Mbewe pa mzere wa aNangondo: "Wani, thuu, filii, faifi..." Folo wapita kuti? Abwereza. Ulendo uno folo alimo kawiri.

Ndapirira. Mulungu ndi mboni, ndapirira mpaka ulendo wachitatu. Kenako miyendo yangonyamuka yokha. Ndawerenga mzere wanga, kugwira aliyense paphewa: asanu ndi awiri. Ndadutsa ku mzere wawo: mmodzi, awiri, mpaka wotsiriza, aNasibeko. Asanu ndi awiri! Ndapambana! Ndaima pamenepo, kumbuyo kwa aNasibeko, dzanja lili paphewa pawo, ndikupuma mosangalala.

Ngiii! Belu.

A Mbewe, kwa nthawi yoyamba m'moyo wawo, awerenga bwino. "Sikisi, seveni... eyiti. Zikomo aphunzitsi."

Nthungululu zamveka mpaka kumsewu.

Loweruka, 14 Juni

Ndadandaula. ANasibeko anena Lamulo lachiwiri pamtima, mawu ndi mawu, mpaka "Palibe kudandaula." Ali Sitandade 4 sankatha kuloweza ngakhale masiku a sabata.

ANangondo andikumbatira. "Musadandaule aphunzitsi, voti yanu sindidzaiiwala." Andipatsa nachesi. Limodzi. Ena analandira awiriawiri.

Zochita za Mfumu yatsopano lero:
mawu 412 awadula, atsala asanu ndi anayi;
chisoti achikulitsa ndi mpeni, akuti chimawafinya duku;
zilumba zavina. Chachitatu chathyoka mwendo, benchi osati munthu. Ndinanena ine!

Nsalu ya Mtambo ikununkha manachesi. Ndabowola kabowo koonera.

Lamulungu, 15 Juni

Tasewera. Kudzera pa kabowo ndawerenga anthu 184, kupatula makanda. Aseka ka 31. M'sewero lomwe ndinalemba munali moseketsa muwiri.

Mfumu yaiwala mawu asanu ndi anayi aja n'kuyamba kuitanira zilumba ngati ikuitanira madalaivala a mathiraki kumalire. Tchalitchi chonse m'manja. Abusa akuti aka n'koyamba kumvetsa bwino za utsogoleri, ndipo athokoza "amayi onse amene anathandizapo." Ine ndili m'kati mwa "onse".

Mtambo sunalankhule ngakhale kamodzi. Mtambo wanga ndi umene unasunga zolembedwa, wokhawo.

Nachesi lija ndadya. Njere 14. Lokoma, zachisoni.

Malo a Mtambo ndinalemba ndekha Lolemba: kumbuyo kwa Mfumu. Ndiye ndaima kumbuyo kwa aNangondo, anthu onse akuona. Sabata ino n'kachiwiri.